Kamera yanga ku Magaba

Ndikauza munthu kuti ndimajambula mafilimu, amayamba wayang'ana nsapato zanga. Zimakhala zili mbuu ndi fumbi la ku Mbare, mumzinda wa Harare, chifukwa ine ndimajambula anthu ali pa ntchito, osati a masuti.

Anandilowetsa m'ntchitoyi ndi agogo anga aamuna, ngakhale iwo sanadziwe. Anachoka ku Dedza nthawi ya Chitaganya, m'zaka za m'ma 1950, kudzalima fodya pa famu ya mzungu kuno ku Zimbabwe. Minda itayamba kulandidwa mu 2000, anatulukira kwathu ku Mufakose ndi chikwama chimodzi ndi chitupa cholembedwa kuti ndi mlendo. Anamwalira ndisanawajambule ngakhale mawu okha. Mpaka lero zimandiwawa.

Mwezi watha ndinali ku Siyaso, msika wa ku Magaba ku Mbare konko, kumene zitsulo zotayidwa zimasanduka mawilibala, mbaula ndi mafelemu a zitseko. Ndinapeza bambo wina wachikulire wowotcherera zitsulo. Ndinawakhazika pampando, kamera patsogolo, n'kuyamba mafunso m'Chishona. Ankayankha ngati ali kupolisi: inde, ayi, sindikumbuka. Ola lathunthu linapita pachabe, batire n'kutha. Ndinadandaula ndekha m'Chichewa kuti, "Koma lero ndiye ndagwa nayo."

Bambo aja anatembenuka. "Iwe mwana, kwanu n'kuti?"

"Agogo anali a ku Dedza, bambo."

"Ndiye umandivutitsiranji ndi Chishona? Chotsa mpandowu."

Anatola hamala, nabwerera pa chitsulo chawo, ndipo nkhani inayamba kutuluka yokha, ine ndikusintha batire manja akunjenjemera. Fakitale ya ku Workington imene anaphunzirako ntchito inawachotsa ESAP, ndondomeko ya boma yosintha kayendetsedwe ka chuma, itabwera mu 1991. Chisakasa chimene anamanga pambuyo pake chinagwetsedwa mu 2005 pa Murambatsvina, pamene boma linkagwetsa nyumba ndi zisakasa zimene linkati n'zosaloledwa. Penshoni inasungunuka mu 2008 ndalama zitasanduka mapepala. Apa anasiya hamala, natsegula chitini cha mabawuti, n'kutulutsa ndalama ya 100 trillion yopindapinda, yakuda ndi girizi. Anaseka mpaka kutsokomola. Sindinawafunse kanthu, ndinangoyandikiza kamera pa zala zawo, zipsera za moto zili tho.

Vuto la kujambula chonchi ndi phokoso. Magirayinda amalira uku ndi uku, ndipo usiku ndimakhala pa kompyuta, magetsi akakhalapo, kusankha mawu amodziamodzi ngati ndikusankha nyemba. Mnzanga wina amati ndingoika mawu anga pamwamba, ndifotokoze ndekha. Ndimakana. Anthu amenewa ena awayankhulira mokwanira.

Tsiku lija ndikulongedza, bambo aja anandigwira mkono. "Nanga filimuyi tidzaonera kuti? Kapena ndi ya azungu okha?"

Ndinachita manyazi, poti mafilimu otere nthawi zambiri amathera kunja, eni nkhani osawaona. Loweruka ndikubwerera ndi laputopu. Ati ndifike dzuwa litapendeka, makasitomala atachepa, ndipo ndisaiwale buledi.