Zomwe ndaphunzira pa nthawi yothira feteleza pa kapinga kuno ku Joni

Loweruka lapitali ndamaliza kakosi ka masabata anayi kosamalira kapinga komwe amachititsa pa nazale ina kuno ku Johannesburg, ndiye ndati ndilembeko zinthu zidakali m'mutu, poti tilipo ambiri a kumudzi amene tikugwira ntchito ya m'gadeni kuno ndipo ambirife tinaphunzira pongoonera anzathu basi.

Chaka changa choyamba, mu Juni, kapinga wa pa nyumba yomwe ndimagwira anauma n'kukhala ngati udzu wofolera denga. Ndi kikuyu, uja wofala m'mayadi ambiri kunoyu. Mtima unandiwawa kwambiri, ndinkaona ngati madamu aziti ntchito yandikanika, ndiye ndinawapempha agule feteleza, anagula LAN, feteleza wa nayitrojeni, ndipo ndinawaza yadi yonse ndi manja. Masabata atatu kudutsa palibe chomwe chinasintha, pomwe panali katsamba kobiriwira pafupi ndi khoma panapsa chifukwa ndinachulutsa, ndipo chomwe chinakondwa ndi kaudzu kachabechabe kaja amati wintergrass, kanamera zigamba zigamba mpaka ndinatha masiku ndikuzula chogwada.

Nditafotokoza zimenezi mkalasi aphunzitsi sanandiseke, anangondifunsa kuti kwanu chimanga mumathira liti feteleza? Ndinati wokulitsa timathira chikangomera nthaka ili yonyowa, urea wobereketsa pakapita masabata atatu kapena anayi. Anati nanga alipo amathira urea m'munda mu Julayi? Apa ndi pomwe mutu unatseguka. Kikuyu ndi udzu wa nyengo yotentha, ndipo Joni ili pamtunda wa mamita pafupifupi 1,750, usiku wa Juni ndi Julayi kumagwa chisanu chenicheni choyera pa udzu. Kapingayo safa ayi, amangogona, ndipo wogona sadya. Feteleza yemwe ndinathira uja anangopita pachabe, ndalama za eni ake.

Ntchito yeniyeni imayamba kumapeto kwa Ogasiti chisanu chikamatha. Umatchetcha motsitsa makina kwambiri, n'kupalasa ndi leki kuchotsa chinyalala chaudzu wakufa chomwe chimaunjikana pansi ngati matiresi, kenako umamwaza dothi losakaniza ndi manyowa lija amati lawn dressing, pang'ono chabe kuti nsonga za udzu ziziwonekabe. Timasamba tatsopano tikayamba kutuluka mu Seputembala ndiye nthawi ya feteleza woyamba. Koma chenjerani anzanga, kupalasa kotereku ndi kwa kikuyu, osati mitundu ina ya kapinga ngati LM kapena buffalo. LM amayanga pamwamba pa nthaka pokha, ukamupalasa choncho wamupha. Izi sindinkazidziwa ndipo yadi ya lachinayi yomwe ndimagwira ndi ya LM yokhayokha, zikanandivuta chaka chino.

Vuto la Seputembala ndi loti mvula imakhala isanayambe, kuno imabwera cha mu Okutobala, ndiye ukathira uyenera kuthirira bwinobwino tsiku lomwelo kuti timibulu tisungunuke tilowe pansi, apo ayi udzu upsa. Komanso mzinda umaletsa kuthirira m'gadeni kuyambira 6 m'mawa mpaka 6 madzulo nthawi yotentha, ndiye ine ndaganiza zoti ndiziwaza chakumadzulo ndisanaweruke masamba ali ouma, madzi n'kutsegula 6 ikakwana.

Chomwe chinanditengera nthawi ndi manambala a pa thumba. Kwathu tinazolowera 23:21:0+4S, pomwe 23 uja ndi maperesenti a nayitrojeni mwachindunji. Kuno amalemba 3:2:1 (28), ndipo ine ndinkaona ngati ndi feteleza wofooka poti manambala ndi ang'onoang'ono. Ayi ndithu. 28 uja ndi chakudya chonse chomwe chili m'thumba pa 100 aliyense, 3:2:1 ndi kagawidwe kake. Ukaphatikiza 3, 2 ndi 1 zikwana 6, nayitrojeni watenga magawo atatu mwa asanu ndi limodzi, ndiye theka la 28, kutanthauza 14. Ndinabwereza samuyi kangapo pa chikuto cha kope ndili mu taxi mpaka inalowa. LAN ndi 28 wa nayitrojeni yekha, urea wathu uja 46, n'chifukwa chake amawotcha msanga dzanja likalemera. Anatiuzanso kuti tisiye zongoyerekeza, tiyeze yadi ndi mapazi kapena tepi. Thumba lomwe tinagwiritsa mkalasi linalemba magalamu 50 pa sikweya mita, yadi yanga ya lolemba ndi masikweya mita 200, ndiye makilo 10 basi, ine kale ndinkatha thumba lalikulu pomwepo.

Nthawi ya dzinja kuyambira Novembala mpaka Febuluwale umathira pang'onopang'ono pakatha masabata 6 kapena 8, ukachulutsa uzitchetcha kawiri pa sabata ndipo matiresi aja amabwerera msanga. Womaliza ndi wa mu Malichi kapena kumayambiriro kwa Epulo, ndipo apa amati usankhe wa potaziyamu wambiri ngati 3:1:5 kuti udzu ulimbe usanakumane ndi chisanu. Meyi ikalowa thumba umanga.

Ndakhala ndikuganiza za kapinga wa pa tchalitchi chathu ku Dedza, kumene kulibe payipi yothirira. Kumeneko Seputembala sangathandize, ayenera kudikira mvula yeniyeni ya kumapeto kwa Novembala kapena Disembala nthaka itakhuta, ndawatumizira kale voice note amalume omwe amasamala pamenepo.

Madamu a lolemba aja ndawauza kuti chaka chino mu Juni asadandaule udzu ukafiira, ndipo asagule kanthu. Anandiyang'ana kaye kenako anati chabwino, ndilembe pa pepala miyezi yake amate pa chitseko cha galaja.