Ndinayamba ndayesa guluu ndisanayikitse malashi, zinayenda chonchi

Mng'ono wa mnzanga wapamtima amakwatiwa mu Okutobala, phwando lake ku Senga Bay m'mbali mwa nyanja, ndiye ife operekeza mkwatibwi tinagwirizana pa gulu lathu la WhatsApp kuti tonse tiyikitse malashi, osati aja omata m'mawa n'kumatula madzulo ayi, koma aja amamata kamodzikamodzi pa nsidze zako zenizeni za m'chikope n'kukhala nawo masabata angapo. Anzanga onse anati tikayikitse Lachisanu poti ukwati ndi Loweruka. Ine mtima unakana.

Chifukwa chake ndi msuweni wanga. Chaka chatha anadzuka m'mawa wa chinkhoswe chake zikope zitatupa ngati walumidwa ndi njuchi, maso akungooneka kamzere basi. Komwe anapita anamumata ndi guluu wakuda wa wivu, uja wa tsitsi, yemwe amakhala ndi mphira wa latex ndipo sanapangidwire kufupi ndi diso ngakhale pang'ono. Mwana wa anthu anakhala pa mpando tsiku lonse atavala magalasi akuda, anthu akuvina akufupa, azakhali akuchimuna akunong'onezana kuti kapena walira usiku onse sakufuna banja. Zinandiwawa kwambiri ndipo mpaka lero zithunzi za tsiku limene lija safuna kuziona.

Komanso ine khungu langa ndimalidziwa. Pulasitala akakhalitsa pa mkono amandisiyira chizindikiro chofiira choyabwa, ndipo ulendo wina nditayikitsa zikhadabo zomata, zala zinkandiyabwa m'mbali mwa zikhadabomo sabata yonse kenako khungu n'kuyamba kusupuka. Nthawi imeneyo sindinaganize kuti ndi guluu, ndinkangoti mwina ndi sopo wochapira.

Ndiye kutatsala masabata atatu ndinakwera kabaza kupita ku saluni ina kufupi ndi Kamuzu Road komwe kuli mtsikana amene anakaphunzira za malashi ku Lilongwe. Masabata atatuwo ndinawerengera dala, kuti ngati zingandiwenge ndikhale ndi nthawi yoti maso aphwe ndiganize zina. Nditafika ndinati achemwali, ine lero sindinabwere kudzayikitsa, ndabwera kuti mundiyese kaye guluu wanu ngati thupi langa likugwirizana naye. Sanakwiye, anangoti asisi mwachita bwino, ambiri amabwera ukwati uli mawa ndipo ndikawauza zoyesa amati ndikuwachedwetsa.

Choyamba ndinapempha kuona botolo lenilenilo. Ichi musachite nacho manyazi, ndi maso anu. Kabotolo kake n'kakang'ono ngati chala chaching'ono, kumbuyo kwake kunalembedwa zomwe zili mkatimo, ndipo dzina loyamba linali ethyl cyanoacrylate, kenako carbon black. Cyanoacrylate ameneyu ndiye amene amamata, ndi wa mtundu umodzi ndi supagulu uja timamatira nsapato, komanso ndi yemweyo amapezeka mu guluu wa zikhadabo. Carbon black ndi amene amadetsa guluuyo kuti asamaoneke pa nsidze. Nditawerenga dzina loyambalo ndinakumbukira zala zanga zija ndipo ndinamuuza. Iye anandifunsanso ngati ndili ndi chifuwa cha mphumu, ngati ndimavala magalasi aja olowetsa m'maso, ngati maso anandidwalapo posachedwa, ngati magulovu a mphira amandiwenga. Ndinamufunsa kuti botololo analitsegula liti, anati patha masabata awiri, ndipo amalisunga m'kachitini kotseka bwino chifukwa guluu ameneyu amauma ndi chinyezi cha mumpweya, ndiye kuno kwathu kufupi ndi nyanja, kotentha chonchi, akangomusiya poyera sachedwa kuwonongeka. Akatsegulidwa amayenera kutha pa mwezi umodzi kapena kupitirira pang'ono, kenako n'kutaya.

Kuyesako tinachita pawiri. Poyamba kuseri kwa khutu. Anapukuta pamalopo n'kumata kachidutswa ka tepi imene amatsekera nayo nsidze zam'munsi, kwinako anamata kachidutswa ka kansalu konyowa kaja amayika pansi pa diso, chifukwa anthu ena amanamizira guluu pomwe chowawenga ndi tepi kapena kansaluko. Kenako kadontho kakang'ono ka guluu pa malo akeake. Koma anandiuziratu kuti kuyesa kwa pa khutu sikukwanira, khungu la pamenepo ndi lolimba kuyerekeza ndi la chikope, ndipo guluu akauma pa khutu fungo lake lija silifika m'maso monga mmene zimakhalira pa tsiku loyikitsa.

Ndiye chachiwiri, chomwe ine ndimati ndicho chenicheni, anandigoneka pa kabedi, ndinatseka maso, n'kumata timalashi tochepa chabe kumapeto kwa diso lililonse, tisanu ndi kamodzi uku tisanu ndi kamodzi uku, tatifupi toti munthu sangazindikire. Kalikonse amakamata pa nsidze imodzi, motalikira pang'ono ndi khungu, pafupifupi milimita imodzi, guluu asakhudze chikope. Ankagwira ndi tizitsulo tiwiri tosongoka, kena kopatulira nsidze kena kotolera kalashi, ndipo ndinkamva mpweya wake pa chipumi chifukwa amagwira ntchito atawerama kwambiri. Magetsi anali atathima ndiye anaunikira ndi nyale yotchaja, pomaliza anandikupiza ndi kafani kam'manja kwa mphindi zingapo ndisanatsegule maso. Zonse sizinakwane ndi theka la ola. Nditatsegula ndinamva kuwawa pang'ono ngati ukusenda anyezi, timisozi pang'ono, basi zinatha ndisanafike ndi pa msika pomwe.

Anandiuza kuti ndidikire maola 48, ndisanyowetse tsiku loyamba, ndisapake mafuta kapena zodzoladzola zatsopano kumaso kuti china chikachitika tidziwe kuti chachititsa n'chiyani, ndipo ndizijambula maso anga ndi foni m'mawa ndi madzulo pa malo amodzimodzi owala. Za kujambulazi zinandithandiza kwambiri chifukwa kutupa kukamayamba pang'onopang'ono pa galasi sutha kuona, umangoti mwina ndi tulo.

Tsiku loyamba kunalibe chilichonse. Ndinalembera anzanga pa gulu paja kuti zikuoneka kuti zili bwino, wina n'kuyankha kuti mwaona, mumangodzivutitsa. Ndikanakhala woyesa Lachinayi kuti ndiyikitse Lachisanu, ndikanati ndapambana.

Usiku wachiwiri ndi pomwe zinayamba. Ndinadzidzimuka cha m'ma 2 koloko ndikudzikanda m'zikope, kuyabwa kwake kwa mkati koti ukakanda sikutha. M'mawa zikope zonse ziwiri zam'mwamba zinali zitatupa kumapeto kuja kunali timalashi, zofiira, zotentha ukazigwira, khungu lake likunyezimira. Nditayika chithunzi cha dzulo lake pambali pa cha m'mawawo kusiyana kwake kunali koonekeratu. Koma kuseri kwa khutu kunali bwinobwino, pa tepi palibe kanthu, pa kansalu palibe kanthu, pa guluu kanali kofiira pang'ono kwambiri koti ukanatha kunena kuti ndi thukuta la Okutobala.

Apa ndipomwe ndinamvetsa kusiyana kwa zinthu ziwiri zomwe anthu timaziphatikiza. Pali kuwawa kwa fungo la guluu, kumabwera nthawi yomweyo, diso lenilenilo limafiira, misozi, ndipo pakutha kwa tsiku kumakhala kukuchepa. Ndiye pali kuwengedwa, komwe kumachedwa, kumatha kuyamba patapita tsiku limodzi, awiri, ngakhale atatu, kumagwira khungu la chikope, kawirikawiri maso onse awiri, ndipo m'malo mochepa kumakulirakulira bola guluuyo akadali pamenepo. Zanga zinali zachiwirizi.

Chinthu chimodzi chomwe sindinachite ngakhale dzanja linkafuna, sindinazule. Mukazula mumazula ndi nsidze zanu zomwe ndipo chikope chotupa kale mumachipweteka. Ndinaimbira mtsikana uja, anati asisi bwerani pompano musadikire, ndipo anachotsa ndi mankhwala ake okhala ngati kirimu osungunulira guluu, mosamala kuti asalowe m'diso, kenako n'kutsuka ndi madzi oyera. Sanandilipiritse zochotsazo. Kuchoka apo ndinapita kuchipatala, nditanyamula chithunzi cha kumbuyo kwa botolo lija mu foni. Adokotala anayang'ana m'maso ndi tochi, anandifunsa ngati ndikuona bwino, ngati kuwala kukundipweteka, ngati mukutuluka mafinya, ngati ndikupuma bwino. Zonsezo zinali bwino. Anandipatsa mapilitsi a ziwengo, anati ndiziyika kansalu koyera konyowetsa m'madzi ozizira, ndisakande, ndisadonthezere mankhwala a m'maso obwereka kwa anthu kapena ogula pa msika. Anatinso mayi, zikadzachitika kuti milomo kapena nkhope yonse yatupa, kapena mukubanika, kapena diso likuwawa mkati ndipo simukuona bwino, musadzadikire kuti kuche, mudzabwere nthawi yomweyo.

Ndinawafunsa ngati ndingayese guluu wina, poti ndinamva kuti kuli wina woyera wopanda carbon black komanso wina amalemba kuti ndi wa anthu a khungu losachedwa kuwengedwa. Anandiyankha kuti ndiwerenge kumbuyo kwake, ndipo n'zoona, mtsikana wa ku saluni anandionetsa botolo la woyerayo, dzina loyamba linali cyanoacrylate yemweyo. Woyera amathandiza munthu amene chikumuwenga ndi chodetsa chija, koma ine ndi mbiri ya zala zanga zija zinkaoneka kuti vuto ndi chomatacho, ndipo thupi likayamba kudana nacho siliiwala, ulendo wotsatira limatha kukwiya kuposa poyamba. Izi ndinauzanso mnzanga wina amene wakhala akuyikitsa kwa zaka osaona vuto, kuti ziwengo zotere zimatha kuyamba mochedwa thupi litakumana ndi guluuyo kambirimbiri, ndiye akasintha saluni kapena akamva kuti asintha mtundu wa guluu ayesenso.

Kutupa kunaphwa pa masiku anayi, khungu la m'zikope linasupuka pang'ono ngati mfundu kenako linabwerera mwakale sabata isanathe. Nditatumiza zithunzi zija pa gulu, atsikana atatu mwa asanu ndi awiri anapita kukayesa sabata yomweyo, onse atatu zinawayendera bwino ndipo anayikitsa. Mkwatibwi ndinachita kumugwira dzanja kupita naye ndekha, poti amayi ake anali atandiuza kuti mwana wanga, mng'ono wakoyu umuyang'anire. Iye anadikira maola 72 chifukwa ndinamukakamiza, sanatupe, ndipo anayikitsa Lachitatu osati Lachisanu kuti pakhale masiku oonera.

Ine ndinagula malashi omata tsiku limodzi aja, ndi guluu wake wolembedwa kuti alibe latex, ndinawerenga kumbuyo kuti mulibe cyanoacrylate, ndipo nayenso ndinamuyesa kaye, kadontho mkati mwa mkono masiku awiri, kenako ndinavala malashiwo kunyumba madzulo amodzi n'kudikiranso masiku awiri. Palibe chinachitika. Loweruka la ukwati mtsikana wa ku saluni uja anabwera ku Senga Bay m'mamawa kudzakonza mkwatibwi, ndipo ndi iye anandimata anga titakhala pa khonde mphepo ikuwomba kuchokera kunyanja, anachita kunditembenuzira ku khoma kuti mchenga usalowe m'maso. Madzulo nditafika kunyumba ndinamatula ndi madzi ofunda n'kuwabwezera m'kabokosi kake.