Tsiku lomwe ndinaphikira apongozi matailosi a maapozi

Abale ine kuphika ndimatha, musandione chonchi. Mandasi anga pa Chitakale pano amadziwika, chigumu changa anthu amachita kunyambita zala. Koma zomwe zinandionekera mwezi wa Okutobala uja, mpaka lero ndikaona maapozi pamsika ndimayang'ana kumbali ngati ndakumana ndi munthu amene ndili naye ngongole.

Anayambitsa zonse ndi foni. Ndinagula kabandulo usiku, ndikungopondaponda pa Facebook ndinapeza kavidiyo ka mzimayi wina wachizungu akupanga chinthu chomwe amati apple pie, ndipo analemba kuti nchophweka zedi olo mwana atha kupanga. Fulawa makapu awiri, bata, kamchere pang'ono, madzi ozizira, maapozi, shuga ndi sinamoni, basi. Kavidiyo kake kosakwana ndi mphindi ziwiri zomwe, mayiyo manja oyera, khitchini yoyera, osatuluka thukuta. Ndinati eee, Loweruka apongozi akubwera kuchokera ku Luchenza, aone kuti mwana wawo sanakwatire munthu wamba.

Tsono taganizani. Kuno ku Mulanje zinanazi zili mbwee, nthochi, mapeyala, mapapaya, zina zimachita kuolera pansi. Koma ine ayi, ndinakwera minibasi msewu wa Midima mpaka ku Limbe kukafuna maapozi aja a ku Joni okhala ndi kasitika, pamodzi ndi kabotolo ka sinamoni. Nditafunsa mtengo wa bata ndinangomubwezera pamalo pake mwaulemu nkutenga majarini. Abambo akunyumba ataona jumbo anangoti, "Mayi, ndalama ya maapozi asanu ndi limodziwa si ikanagula nkhuku?" Ndinawauza kuti zina sangazimvetse.

Loweruka ndinalawirira. Choyamba ndinasenda maapozi onse nkuwaduladula, nkuthira shuga. Mayi uja anati sinamoni kasupuni kakang'ono kamodzi, koma ine nditakumbukira thiransipoti ya ku Limbe ndinathira masupuni atatu akuluakulu kuti ndalama yanga imveke. Ndinawasiya pambali. Pomwe ndimabwerako anali atada bii ngati mbatata yodulidwa dzulo, akusambira m'madzi awoawo, kani shuga amakoka madzi a chipatso, ndipo pamafunika kufinyirapo ndimu kuti asade. Mandimu ali pabwalo panga pomwepa, mtengo wathunthu, ine osadziwa.

Ndiye kunabwera nkhani ya fulawa. Apa mpomwe ndinadzipha ndekha. Mu vidiyo muja amati mafuta akhale ozizira olimba, uziwafikisa mu fulawa ndi nsonga za zala mpaka zioneke ngati nyenyeswa za buledi, uthire timadzi tozizira pang'ono, uunjike pamodzi, osakanda. Osakanda! Ine ndinaseka ndekha, ndinati azunguwa ndi ulesi basi, chinthu cha fulawa chingakome bwanji osachikanda? Komanso ndi kutentha kwa Okutobala majarini wanga anali atasungunuka kalekale ngati mafuta odzola, madzi ozizira ndiye musanene, firiji tilibe, ndinangotunga a mumtsuko. Ndinakanda abale. Ndinakanda ngati mandasi a pa ukwati, ndinakanda mpaka mapewa kuwawa, thukuta kamukamu, mtima uli mbee kuti ndikumuposa mzungu.

Pofuna kuyala ndi botolo la Fanta, chinthu chija chinakana. Ndikachikankhira uku chikubwerera, ndikachikokera uko chikubwerera, ngati mphira ya legeni. Ndinalimbana nacho mpaka ndinachigonjetsa, koma chinatsala chochindikala ngati chikhatho. Ndinayala m'thini, kukhuthulira maapozi ndi madzi ake omwe (kutaya madzi a shuga wogula? ayi), kuvindikira ndi chinzake pamwamba nkumata m'mbali bwinobwino kuti pasapezeke potulukira mpweya. Timabowo tomwe mayi uja anaboola pamwamba ndi mpeni ndinkayesa ndi tokongoletsa chabe.

Ndinaika mu kauvuni kanga kamagetsi pa madigiri 200, kuti kakhale mphindi 40. Zitangotha mphindi khumi, magetsi thimu!

Ndinaima pakati pa nyumba manja ali m'chiuno. Foni ikulira, apongozi akuti atsika kale minibasi akukwera kabaza. Ndinati palibe kuchitira mwina, chigumu timaphika bwanji? Ndinakoleza mbaula, thini ija ndinailowetsa m'poto wamkulu, makala ena pa chivindikiro. Aliyense wodziwa chigumu akudziwa kuti moto wapansi umafunika wochepa, wambiri ukhale pamwamba, inenso ndimadziwa, koma tsiku limenelo mantha anandilanda nzeru, ndinakupiza mbaula ija ndi chivindikiro cha ndowa mpaka makala kuchita kuti ngwee ngati ndikufuna kusula khasu.

Posakhalitsa ndinangomva phuu! m'poto muja. Nthunzi inasowa potulukira ndiye inadziboolera yokha khomo, madzi a shuga aja kusefukira, kupserera, utsi tolotolo, fungo la shuga wopserera ndi sinamoni kufika mpaka kumsewu. Aneba anasuzumira pampanda nkuti, "Amayi, mwayamba liti kutcheza kachasu? Mutiuzeko mtengo." Sindinawayankhe.

Nthawi yomweyo "Odi kuno!" Apongozi, atanyamula nkhuku yamoyo ndi kathumba ka nandolo.

Tinalonjerana, ndinagwada bwinobwino, nsima tinadya ya nkhwani wotendera ndi usipa, zonse zinayenda. Ndikanakhala wanzeru nkhani ikanathera pomwepo, chinthu chija ndikanakachikwirira kudzala usiku. Koma mwana wanga wamng'ono, pakamwa ngati wailesi, anati, "Agogo, amama akuphikirani chachizungu!" Basi ndinakachitenga.

Pansi chinali chakuda ngati kunsi kwa mphika, pamwamba chotuwa, pakati phala. Nditaika mpeni, mpeni unapindika. Abambo akunyumba anafunsa ndi nkhope yozizira ngati akufunsa zanzeru kuti, "Ndikatenge chikwanje?" Ndinawaponyera diso lija amalidziwa. Mapeto ake ndinachita kukhoma mpeniwo ndi mthiko, chidutswa china chinathawa mpaka pansi pa mpando, chinalira ngwee pa simenti ngati tailosi.

Apongozi anga ndi munthu wa Mvano, waulemu wake. Anapemphera kaye, pemphero lalitali kuposa la pa nsima lija, mpaka anatchulamo za chitetezo. Kenako anatenga chidutswa, kuluma, chete. Kutembenuzira mbali ina ya mano, kulumanso, chete. Anachiviika mu tiyi nkuyamba kundifunsa za mvula, za mtengo wa feteleza, za maliro a kwathu, nkhani zonse zinatha, atachivuula chinali chikadali momwemo, tiyi yekha ndi amene anachepa.

"Apongozi," anatero mofatsa, "kalongonda timamuphika tsiku lonse kuti afewe. Ichi mwati chimafuna masiku angati?"

Abambo akunyumba anathamangira panja ati akukaona mbuzi. Tilibe mbuzi ife.

Ndiye apongozi aja anatenga supuni nkuyamba kukumba timaapozi tapakati, sinamoni atawakwera m'mphuno anayetsemula katatu, misozi mbwee, nkuti, "Koma zipatsozi zinali zabwino ndithu. Zinakulakwirani chiyani?"

Msuweni wanga amene amaphika pa loji ina cha ku Likhubula nditamufotokozera anaseka mpaka kukhala pansi. Ndi amene anandiuza kuti fulawa ukamukanda kwambiri amagwirana nkukhala ngati mphira, mpake pa buledi ndi mandasi, koma apa pamafunika timibulu ta mafuta titsalemo kuti tikasungunuka pamoto chituluke chofumbutuka. Ati ndikanangopanga ndi chinanazi chomwechi chikanakomanso. Mxii.

Zidutswa zotsala ana anazitola, sabata yonse ankasewerera phada pabwalo, sizinasweke. Apongozi anabweranso pa Khirisimasi, atangotsika kabaza anandipatsa kamtolo kokulunga m'nsalu, kotentherabe. Chigumu.

"Ndaphikiratu konko," anatero, "kuti musavutike."