Phiri lomwe amalitcha mbusa wa ng'ombe

Loweruka lapitali ndinakwera basi ku Glasgow wopita ku chilumba cha Skye ku Scotland, ulendo wake ngwautali ndithu, maola oposa 6 kuti ukafike ku Portree, tauni yaikulu ya pachilumbapo. Tisanalowe m'chigwa cha Glen Coe pali chiphiri china chaima pachokha pakhomo pa chigwa, ndiye bambo ena achikulire omwe tinakhala mpando umodzi, kwawo ku Skye konko, anandikodola nkuti limenelo ndi Buachaille Etive Mòr, mchi Gaelic, chinenero cha makolo awo, ndiye kuti mbusa wamkulu wa ng'ombe wa ku Etive. Nditaliyang'ananso bwinobwino ndinavomereza, laima chilili ngati munthu akulondera ziweto kudambo.

Basi macheza anayambira pomwepo. Ndinati bambo, ndiye phiri lililonse dzina lake limafotokoza? Anati kwawo sangoti phiri nkuthera pompo, losongoka la miyala yokhayokha amati sgùrr, lobulungira ngati mtanda wa nsima ndi meall, mpata wodutsira pakati pa mapiri ndi bealach, ndiye kuli coire, chidzenje cha m'mbali mwa phiri chomwe mumakhala chinyezi ndi msipu, mawu omwewo ndi amene amatchulira ketulo ya tiyi. Munthu woweta akangomva dzina amadziwiratu ngati ng'ombe zingakwereko kapena ayi. Kufiira nako kuli pawiri, dearg ngati magazi, ruadh ngati katondo. Koma chomwe chinandigwira mtima ndi gorm, mawu amodzi a mtundu wa thambo komanso udzu wanthete, ndendende mmene ifenso timanenera kuti kubiriwira.

Titawoloka buliji ya Skye anakhala chete kaye, kenako anandiuza za Boreraig ndi Suisnish, midzi yomwe anthu ake anathamangitsidwa mu 1853 kuti eni malo aziwetapo nkhosa. Makoma a nyumba zawo alipobe mpaka pano, mitsinje ndi timapiri tonse tili ndi mayina omwe anthu ajawo anatcha koma owatchula ndi ochepa, kalembera wa 2011 anapeza olankhula chi Gaelic 57,000 ndi kanthu mu Scotland yense. Zinandiwawa zedi.

Iwo anatsikira pa Broadford. Ine ndinatsala ndi mapu pafoni, ndikuyeserera kutchula dzina lililonse motsitsa mawu mpaka ku Portree.