Nthano ukaigulitsa, imakhalabe yako?

Pa maphunziro anga a makatuni mwezi uno tafika pa storyboard, kumene ndi kujambula nthano ya filimu pa timapepala totsatizana, ndipo tinapatsidwa ntchito yoti aliyense asankhe wotsogolera filimu mmodzi n'kulondola njira imene anadzera mpaka kukafika pampandowo. Ine ndinasankha Mayi Brenda Chapman a ku America, makamaka chifukwa cha filimu ya The Prince of Egypt, ija ya Mose ndi Farao, imene ambirife tinaionera tili ana osalabadira n'komwe kuti anaipanga ndani.

Mayiwa anabadwa m'chaka cha 1962 m'kamudzi ka alimi kotchedwa Beason, m'chigawo cha Illinois. Anaphunzira zojambula pa sukulu ya CalArts ku California, ndipo chakumapeto kwa zaka za m'ma 1980 analowa ku Disney ngati wophunzira ntchito m'gulu lokonza nthano, pa nthawi imene ankapanga The Little Mermaid. Kuti mumvetse kulemera kwake, pali kalata ina ya mu 1938 imene kampani yomweyo inayankha mtsikana wofuna ntchito. Inamuuza poyera kuti ntchito yolingalira ndi kujambula makatuni ndi ya anyamata. Akazi yawo ndi kulondola mizere ndi inki n'kupaka utoto pa zimene amuna ajambula kale. Patadutsa zaka zoposa 50, mu 1994, The Lion King inatuluka mkulu wa gulu la nthano ali Mayi Chapman.

Gulu la nthanoli ndi limene landitengera nthawi yambiri, chifukwa ndi kumene filimu ya makatuni imapangidwiradi. Filimu imafuna zithunzi 24 pa sekondi iliyonse, choncho kujambula chigawo chimene mawa mudzachitaya ndi kuwotcha ndalama. N'chifukwa chake nthano yonse imayamba yajambulidwa mwachisawawa pa timapepala, kapepala kalikonse kusonyeza kanthu kamodzi: wayang'ana kumbuyo, wagwetsa ndodo, chitseko chatsekeka. Masiku a Mayi Chapman timapepalato ankatikhoma ndi mapini pa bolodi lalikulu. Wojambula ankaima kutsogolo ndi kandodo, kuloza kamodzikamodzi, uku akusintha mawu, pano ngati mfumu, apo ngati mwana wolira. Akamaliza, anzake ankayamba kuzula timapepala timene sitinawagwire mtima. Ntchito ya sabata yathunthu inkatha kuthera pansi.

Ifenso tinayeserera zimenezi m'kalasi. Ndinajambula mtsikana akubisira amayi ake kalata, ndipo nditafika pa kapepala kamene amayiwo akulowa m'nyumba, mnzanga wina anafunsa kuti, "Kodi mayiwo akudziwa kale kapena ayi?" Pa kapepalako maso awo anali pa mwana, pomwe ndinafuna kuti akhale pa mkeka pamene pabisidwa kalatayo. Kusuntha timadontho tiwiri ta maso kunasintha chigawo chonse. Munthu amene wakhala zaka akuyankha mafunso otere amakhala ataphunzira kale utsogoleri wa filimu: kamera iime pati, woonera adziwe chiyani ndipo adziwe liti, ndiponso kupirira pamene anzako akung'amba ntchito yako. Si zodabwitsa kuti Jennifer Yuh Nelson, amene anatsogolera yekha Kung Fu Panda 2 mu 2011, ndi Domee Shi wa Turning Red ya mu 2022, nawonso anadzera khomo lomweli.

Mayi Chapman anasamukira ku DreamWorks kampaniyo itangoyamba, ndipo mu 1998 anatsogolera The Prince of Egypt pamodzi ndi Steve Hickner ndi Simon Wells. Amatchulidwa kuti ndi mkazi woyamba kutsogolera filimu yaitali ya makatuni ku kampani yaikulu ya ku Hollywood. Mawu oti "ku kampani yaikulu" musawadumphe. Ku Germany, Lotte Reiniger anali atatulutsa kale The Adventures of Prince Achmed mu 1926, ya tizithunzi todula ndi sizasi, ndipo mwa mafilimu aatali a makatuni amene alipobe lero, wakale kwambiri ndi umenewo. Luso akazi anali nalo kuyambira kale. Chimene chinali chotseka ndi zitseko za eni ndalama.

Tsono nkhani imene yandisowetsa mtendere ndi ya ku kampani ya Pixar, kumene Mayi Chapman analowa mu 2003. Kumeneko anabweretsa nthano yawoyawo, yochokera pa kukokanakokana kwa iwo ndi mwana wawo wamkazi: mwana wa mfumu ku Scotland, Merida, wokana ukwati womukonzera, ndi amayi ake amene akusanduka chimbalangondo. Poyamba inkatchedwa The Bear and the Bow, kenako Brave. Inali filimu yoyamba ya Pixar yokhala ndi mtsikana pakati pa nkhani, komanso yoyamba kupatsidwa kwa mkazi kuti aitsogolere. Mu 2010, ntchito ili mkati, kampani inawachotsa pampando n'kuikapo Mark Andrews, akuti chifukwa chosiyana maganizo pa kayendetsedwe ka nthanoyo. Mayi Chapman eni ake anadzalemba poyera kuti zinawasweratu mtima.

Anzanga ena m'kalasi akuti palibe chachilendo, popeza ku Pixar komweko amuna nawonso anachotsedwapo pa mafilimu awo, monga Jan Pinkava pa Ratatouille. N'zoona. Koma ine ndikuona kusiyana. Pamene akazi otsogolera ndi ochita kuwerenga ndi zala, kuchotsa mmodzi kumamveka ngati chigamulo cha onse. Komanso iyi inali nthano ya mayi ndi mwana wake wamkazi, yochokera m'nyumba mwa mayi weniweni, n'kukamalizidwa ndi bambo. Zili ngati kulima munda wobwereka: mbewu ndi yako, thukuta ndi lako, koma mwini munda akhoza kukuuza kuti usapondemonso chimanga chitamasula kale. M'makampani akuluakuluwa, nthano imene wapanga uli pa ntchito mwini wake ndi kampani, ndipo zimenezi zimakhala m'pangano limene unasainira tsiku lolowa. Gawo ili la mapangano sindinkalipatsa chidwi; tsopano ndaliika pa ndandanda wa zoti ndiwerenge mofatsa ndisanapereke nthano yanga kwa aliyense.

Brave inatuluka mu 2012 dzina la Mayi Chapman lili pa mndandanda wa otsogolera, ndipo mu 2013 inapata mphoto ya Oscar. Mayi Chapman anakwera pa nsanja limodzi ndi Andrews, n'kukhala mkazi woyamba kulandira mphotoyi m'gawo la mafilimu aatali a makatuni. Chaka chomwecho Disney, imene ndi mwini wa Pixar, inajambulanso Merida kuti imugulitse pa zidole ndi zovala: chiuno chochepetsedwa, diresi lonyezimira, tsitsi lija losapesa litakonzedwa bwinobwino. Mayiwa anadzudzula poyera, ndipo anthu ambirimbiri anasaina chikalata chodandaula pa intaneti. Oscar anali m'manja mwawo, koma mphamvu yoletsa kuti mtsikana amene anamupanga poganizira mwana wawo asasinthidwe thupi analibe.