Tinakaona nkhope za akatswiri oyamba a pa wailesi ku London

Loweruka lapitali gulu lathu la Amalawi okhala ku Leeds linanyamuka pa basi m'bandakucha kupita ku London. Tinayambira ku Science Museum, ku South Kensington, komwe munthu amalowa ulere. M'chipinda cha Information Age muli makina a 2LO, omwe BBC inayambira kuulutsa mawu pa 14 Novembala 1922 kuchokera ku Marconi House. Ndi chimakina chachikulu, chodzaza mababu agalasi ndi nthambo. Ana athu anachizungulira osamvetsa kuti mawu ankadutsa pati.

Koma chomwe chinandigwira mtima chinali madzulo. Anzathu a ku London anatikonzera holo ya tchalitchi, n'kutionetsa pakhoma timafilimu ta British Pathé, kampani yomwe inaika mafilimu ake okwana 85,000 pa YouTube mu 2014. Kuyambira 1930, Pathé inkaitana oimba ndi anthabwala otchuka pa wailesi kuti adzajambulidwe mphindi zochepa, anthu n'kumakawaonera ku kanema. Nthawi imeneyo mapulogalamu ambiri ankaulutsidwa pompopompo osasungidwa, choncho ambiri a iwo tikuwadziwa lero chifukwa cha timafilimuti ndi mbale za galamafoni.

Tinaona Norman Long, mmodzi wa oyamba kusangalatsa anthu pa BBC mu 1922, manja ali pa piyano, nkhope yatembenukira kwa ife, akuimba uku akumwetulira. Kenako panabwera Stainless Stephen, mphunzitsi wa ku Sheffield, yemwe nthabwala yake inali kutchula mokweza zizindikiro za m'kalembedwe pakati pa chiganizo. Amayi ena omwe anaphunzitsa zaka zambiri ku Dedza anaseka mpaka kugwetsa misozi. Achinyamata sanaseke kwenikweni, ndipo nthabwala zina zinaonekadi kuti zinapita ndi nthawi yake.

Ine ndinkayang'anitsitsa kaimidwe kawo. Palibe omvera, palibe woomba m'manja, koma munthu akamaliza nthabwala amaima pang'ono kudikira chiseko chomwe sachimva. Ntchito imeneyo ndi yofuna mtima wolimba, ndipo ndinawapatsa ulemu.

"Nanga athu aja a pa wailesi ya Lusaka, monga Alick Nkhata, tingawaonere kuti?" anafunsa agogo ena tili m'basi pobwerera. Tagwirizana kuti pa msonkhano wa mwezi wamawa aliyense abweretse nyimbo kapena zithunzi zakale zomwe ali nazo kunyumba.