Kalendala ya ku Nankhungu ndi masiku 14 opanda mwezi wake

Aliyense wolemba nthano ya dziko longopeka amafika pamene ayenera kunena tsiku limene chinthu chinachitika, ndipo ambiri amangotenga Januwale ndi Lolemba n'kuwaveka mayina achilendo. Ine ndimaona kuti kutero n'kutaya mwayi, chifukwa kalendala imaulula zimene anthu amadya, zimene amaopa, ndiponso amene ali ndi mphamvu yolengeza kuti lero ndi tsiku lakuti. N'chifukwa chake m'nthano yanga ya Nankhungu, dziko la phiri limodzi lalikulu lozunguliridwa ndi zigwa, ndinayamba ndi kawerengedwe ka masiku ndisanatchule mfumu ngakhale imodzi.

Vuto la kalendala iliyonse n'lakuti dzuwa ndi mwezi sizipangana. Padziko lathu lino chaka chili ndi masiku 365 ndi maola pafupifupi 6, pamene mwezi umatenga masiku 29 ndi theka kuti uonekenso, choncho miyezi 12 imangokwana masiku 354. Asilamu anasankha kutsata mwezi wokha, ndipo n'chifukwa chake Ramadan imafulumira ndi masiku pafupifupi 11 chaka chilichonse. Ku Ethiopia miyezi 12 ili ndi masiku 30 uliwonse, ndipo masiku 5 kapena 6 otsalawo amapanga kamwezi ka 13 kotchedwa Pagume. Masiku otsalawa ndi amene amandikopa ine.

Ku Nankhungu chaka chili ndi masiku 350, ndipo mwezi wawo umabadwa ndi kufa m'masiku 24. Miyezi 14 imadya masiku 336, n'kutsala 14 amene sali m'mwezi uliwonse, ndipo anthu amawatcha masiku a nkhungu. Sabata yawo ndi ya masiku 6, tsiku lililonse lili ndi dzina la msika umodzi mwa misika 6 yozungulira phirilo, kotero kuti wamalonda a mchere akamazungulira phiri ndi mtolo wake pamutu, dzina la mudzi umene wagonamo ndilo dzina la tsikulo. Popeza 350 sagawika ndi 6, chaka chilichonse chimayambira pa msika wina, ndipo msika umene watsegula chakacho sulipira msonkho. Apa pokha pali kale mkangano wokwanira mitu iwiri ya buku.

Maganizo a masiku a nkhungu sindinawatenge kutali. Ife a kuno ku Mulanje timadziwa mmene chiperoni chimakhalira mu Juni ndi Julaye, pamene mvula yowaza imagwa mosalekeza, zovala zimakana kuuma pachingwe, minda ya tiyi imangooneka mizere iwiri yapafupi, ndipo phiri lonse ndi Sapitwa yemwe, ngakhale ndi lalitali mamita 3,002, limasowa ngati silinakhalepo. Ku Nankhungu nkhungu yotereyi imatseka thambo kumapeto kwa chaka, ndipo a m'zigwa saona mwezi ngakhale Nthanda. Masiku amenewo ngongole siitanitsidwa, mlandu suzengedwa, ukwati sumangidwa, ndipo mwana wobadwa pamenepo alibe mwezi wake, choncho zaka zake siziwerengedwa ndipo sangalowe ufumu.

Amene amaona mwezi ndi alonda okhala pamwamba pa mitambo. Mlonda wamkulu amasunga chingwe cha luzi chopachikidwa m'phanga, ndipo m'bandakucha uliwonse amamanga mfundo imodzi, yaing'ono ya tsiku wamba, yaikulu yopaka makala ya tsiku lobadwa mwezi. Akamanga mfundo ya 14 ya nkhungu amayatsa moto pansonga, ng'oma zimalira kutsika phiri, ndipo chaka chimayamba. Koma ndani angamutsutse atachedwetsa moto ndi masiku atatu kuti mwana wa mdani wake abadwire m'nkhungu? Zoterezi si zopeka zokha ayi. Ku Roma wakale ansembe ndiwo ankalamula nthawi yowonjezera mwezi m'chaka, ndipo ankatero mokondera andale amene ankawafuna, mpaka kalendala inasiyana kwambiri ndi nyengo. Pofuna kukonza zimenezi, Julius Caesar anatalikitsa chaka cha 46 BC kufika masiku 445. Ngakhale kalendala imene tikugwiritsa ntchito lero inabwera ndi lamulo la munthu mmodzi, Papa Gregory XIII, amene mu 1582 anachotsa masiku 10, moti tsiku lotsatira 4 Okutobala linakhala 15 Okutobala.

Zaka za ku Nankhungu zilibe manambala. Agogo athu ambiri sankanena chaka chimene anabadwa, ankangoti anali akuyamwa pa njala ya 1949, ndipo ku Phalombe mpaka lero zinthu zimawerengedwa kuchokera pa Napolo wa 1991. A ku Nankhungu nawonso amapatsa chaka dzina chikatha, potengera chinthu chachikulu chimene chachitika, ndipo dzinalo amalisankha pa bwalo la mafumu m'masiku a nkhungu omwewo. Nthano yanga ikuyamba m'chaka chimene a m'zigwa akufuna kuchitcha Chaka cha Dzombe, pamene alonda a kuphiri, amene dzombelo silinawafike, akukana kuyatsa moto mpaka dzinalo lisinthidwe.